Kleber Mendonça Filho: Wosanthula Mafilimu Amene Ananyamula Kamela

Temu yatha, mnyamata wina wa giledi 11 amene ndimaphunzitsa ananditsatila mpaka pakhomo la ofesi ya aphunzitsi, foni ili m'manja. Anali atapanga kafilimu ka mamineti 6 konena za ambuye ake amene amagulitsa malasha m'komboni. Ndinakatamba nditaimilila, mtima uli pa mulu wa mabuku amene anali kundiyembekezela kuti ndiconge. Katatha ndinati, "Wacita bwino ngako, pitiliza." Iye sanasunthe. Anafunsa kuti, "Ba ticha, cimene nacita bwino n'ciani?" Ndinalibe yankho. Ndinangomuuza kuti belu yalila, athamangile ku kalasi.

Funso limenelo linandivutitsa masiku ambili. Ine ndine amene ndimauza ana kuti akawelenga buku asamangoti "n'labwino", koma aloze tsamba ndi kufotokoza cifukwa cake. Nanga n'cifukwa ciani pa filimu ndinasowa conena? Ndinazindikila kuti pa nkhani ya mafilimu ndili ndi mau a mitundu iwili cabe: oyamikila ndi onyoza. Pakati pake, pamene munthu amakhala pansi n'kupenda kuti ici cagwila nchito, ici calephela, ndipo cifukwa cake n'cakuti, panali pogumuka. Apa m'pamene ndinabwelelanso ku mafilimu a munthu wina wa ku Brazil, Kleber Mendonça Filho, amene anakhala zaka zoposa 10 akulemba zosanthula mafilimu a anzake asanapange filimu yake yaitali ya sewelo.

Mendonça anabadwa mu 1968 ku Recife, mzinda wa m'mbali mwa nyanja kumpoto cakum'mawa kwa Brazil, m'cigawo ca Pernambuco. Malo amenewa ali kutali ndi Rio de Janeiro ndi São Paulo, kumene kuli makampani aakulu a TV ndi mafilimu. Anaphunzila utolankhani pa yunivesiti ya boma ya Pernambuco, ndipo anakhala wosanthula mafilimu m'nyuzipepa ya kwao yochedwa Jornal do Commercio. Pa nthawi imodzimodzi anali kusankha mafilimu oonetsa m'holo ya bungwe la Fundação Joaquim Nabuco. Conco nchito yake inali kutamba, kulemba ndi kuonetsa. M'mipata yotsala anali kupanga tumafilimu tufupi-tufupi pamodzi ndi anzake, monga Vinil Verde ka mu 2004, Eletrodoméstica ka mu 2005, ndi Recife Frio ka mu 2009, kamene kamayelekezela kuti mzinda wotentha wa Recife wasanduka wozizila mwadzidzidzi.

Mu 2008 anatulutsa Crítico, filimu yofunsa anthu mafunso, imene dzina lake limatanthauza wosanthula. Kwa zaka zambili, akapita ku zikondwelelo za mafilimu monga mtolankhani, anali kunyamula kakamela n'kumajambula anthu. Anasonkhanitsa opanga mafilimu ndi osanthula pafupi-fupi 70, aliyense akukamba za mnzake: mmene kumapwetekela kulembedwa zoipa, ndi mmene kumavutila kulemba coonadi pa nchito ya munthu amene mawa mudzakumana. Iye mwini anali mbali zonse ziwili. M'caka cimeneco, iye ndi mkazi wake Emilie Lesclaux, amene amayendetsa za ndalama ndi makonzedwe a mafilimu ake m'kampani yao ya CinemaScópio, anayambitsa cikondwelelo ca mafilimu ku Recife cochedwa Janela Internacional de Cinema.

Anthu ambili amaganiza kuti wosanthula akayamba kupanga mafilimu amangokopela zimene anaona kwa ena. Ine ndiona kuti kwa Mendonça zinayenda mosiyana. Kutamba mafilimu ambili-mbili kunamuonetsa cimene cinali kusowamo. Dziko lakunja linali kudziwa Brazil wa mitundu iwili: wa makomboni a mfuti, monga wa mu Cidade de Deus ya mu 2002, ndi wa kumidzi youma ya cilala. Msewu wa anthu apakati, a nyumba zosanjikizana, zitsulo m'mawindo, anchito a m'nyumba ndi alonda, sunali kuoneka kaŵili-kaŵili. Iye anali kukhala mu msewu wotelo, m'dela la Setúbal. Filimu yake yoyamba yaitali ya sewelo, imene inatuluka mu 2012 ali ndi zaka 43, anaijambula mu msewu umenewo.

Filimuyo ndi O Som ao Redor, kutanthauza phokoso lozungulila, ndipo m'Cingelezi imadziwika kuti Neighbouring Sounds. Nkhani yake ingakwane m'mizele yocepa. Mwamuna wina dzina lake Clodoaldo afika ndi anzake n'kuuza eni nyumba kuti adzalondela msewu usiku ngati nyumba iliyonse ilipilako kangacepe. Nyumba zambili mu msewuwo n'za nkhalamba ina yolemela, Francisco, amene alinso ndi munda wakale wa nzimbe kumudzi. Mdzukulu wake João amacititsa lendi nyumbazo. Mayi wina, Bia, sagona cifukwa ca galu wa aneba amene amauwa usiku wonse. Kwa maola awili palibe caciwawa cacikulu cimene cimaoneka, koma wotamba sakhazikika pampando.

Cimene cimamusowetsa mtendele ndi phokoso. Geti yacitsulo ikukwekweleza, makina ocapila akunjenjemela, wina akuwochelela zitsulo, galu akuuwa, mapazi akumveka padenga. Nthawi zambili cimene cikusokosa sicionetsedwa. Wokhala mkati mwa mpanda amamva dziko koma salipenya, ndiye cifukwa cake amaliopa. Filimu zambili zimathila nyimbo kuti zikuuze pamene uyenela kucita mantha. Mendonça amangokweza pang'ono phokoso la masiku onse. Ine amene ndimacita lendi nyumba ya mkati mwa mpanda wa mabuloko muno mu Lusaka, ndipo ndimadzidzimuka geti ya aneba ikagunda pakati pa usiku, sindinafunikile wondimasulila.

Koma nzelu yaikulu ya filimu imeneyi ili pa ciyambi ndi pamapeto. Imayamba ndi zithunzi zakale zakuda ndi zoyela za anthu ogwila nchito m'minda ya nzimbe, kenako n'kulumphila ku ana oseŵela m'bwalo la simenti, anchito ovala yunifomu akuwayang'anila. Pernambuco inalemela ndi shuga wolimidwa ndi akapolo, ndipo Brazil inathetsa ukapolo mocedwa, mu 1888. Filimu siikamba zimenezi ndi pakamwa. Imangoika zithunzi ziwilizo pamodzi kuti uone wekha kuti nyumba yaikulu ya bwana ndi tunyumba twa anchito zinangosamukila m'tauni. Pali pamene eni nyumba amacita miting'i yofuna kucotsa nchito mlonda wokalamba cifukwa anajambulidwa akugona. João amamuikila kumbuyo, koma nthawi yovota isanakwane amacoka kukakumana ndi cisumbali cake. Ndi mmene ambili a ife ophunzila timacitila cifundo: ndi mau, mpaka foni italila. Kumapeto timadziwa kuti Clodoaldo sanabwele mu msewuwo mwangozi. Atate ake anaphedwa zaka zambili zapitazo pa mkangano wa mpanda, ndipo mlandu uli pa Francisco. Alonda amene analembedwa kuti achinge zoipa zakunja anali mbili yakale imene yabwela kudzatenga nkhongole yake. Filimu imeneyi inalandila mphoto ya bungwe la osanthula mafilimu la FIPRESCI ku Rotterdam mu 2012. Anzake akale a nchito ndiwo anayamba kumuvomeleza.

Mu Aquarius ya mu 2016, wosanthula analowa m'nkhani mwenimweni. Clara, amene anaseŵeledwa ndi Sonia Braga, ndi mayi wamasiye wa zaka 65 amene anapuma pa nchito yosanthula nyimbo ndipo anapulumuka ku khansa ya m'mawele. Watsala yekha m'nyumba yakale yosanja ya m'mbali mwa nyanja, cifukwa kampani ina yagula zipinda zonse kuti igwetse n'kumanga citali. Iye akukana kugulitsa. Kampaniyo ikuyesa ulemu, kenako phokoso ndi uve, ndipo pothela pake ikuika ciswe m'zipinda zopanda anthu kuti nyumba idyeke mkati. Cimene ndimakonda n'cakuti nchito yakale ya Clara si cokongoletsa cabe. Kusanthula ndi kudziwa mtengo wa cinthu umene suli pa lisiti. Malekodi ake, kabati ya azakhali ake, khoma limene ana ake anakulilapo, zonse amazisunga monga umboni wakuti panali moyo. Akamakana ndalama za kampani, akucita nchito imodzimodzi imene anali kucita polemba: kuweluza kuti ici n'cofunika kusungidwa.

Ngakhale n'telo, apa m'pamene ndimayamba kukangana naye Mendonça. Clara si wosauka, ali ndi nyumba zina zingapo, ndipo filimu siibisa zimenezo. Ali ndi wanchito, Ladjane, amene wamutumikila zaka zambili ndipo mwana wake anafa pa ngozi ya pamsewu. Palinso pamene banja likuyang'ana zithunzi zakale n'kuona wanchito wina wakuda, mutu wake utadulidwa ndi m'mphepete mwa cithunzi, ndipo akuvutika kukumbukila dzina lake koma akukumbukila kuti anaba. Mendonça akudziwa bwino cimene akuonetsa. Koma kamela ikangoonetsa zimenezi imabwelela kwa Clara, ndipo timaomba m'manja cifukwa ca kulimba mtima kwake. Ladjane nthawi zambili amakhalabe m'khichini. Wosanthula waona vuto, walichula, koma wopanga filimu sanasunthe kamela. Kuvomeleza kuti ukuona wanchito kupyolela pa zenela la abwana n'kuona mtima, koma sikufanana ndi kusimba nkhani yake.

Filimu imeneyi inaonetsanso kuti kudziimila pawekha kuli ndi mtengo wake. Mu May 2016, pa cikondwelelo ca Cannes ku France, Mendonça ndi anzake ananyamula mapepala otsutsa kucotsedwa pa mpando kwa pulezidenti Dilma Rousseff, akunena kuti kumeneko kunali kulanda boma. Atabwelela kwao, filimu inayamba yaikidwa m'gulu la zosaloledwa kwa osakwana zaka 18, ndipo pambuyo pa madandaulo msinkhuwo unatsitsidwa kufika pa 16. Komiti yosankha filimu yoimila Brazil ku mphoto za Oscar inasankha ina. Ambili anaona kuti cinali cilango. Tiyenela kukumbukila kuti wopanga mafilimu wodziimila sakhala wopanda omuthandiza. Mafilimu a ku Recife anakula ndi thandizo la ndalama za boma zothandizila zaluso. Kudziimila kwake kuli pa kusunga ufulu wosankha nkhani, malo ndi anthu, ngakhale dzanja lopeleka ndalama litakwiya.

Mkwiyo umenewo umamveka mu Bacurau ya mu 2019, imene anapanga ndi Juliano Dornelles, m'caka cimene boma la Jair Bolsonaro linathetsa unduna wa zacikhalidwe. Filimuyi inalandila mphoto ya oweluza ku Cannes. Monga mphunzitsi, pali mbali imene sindiiwala. Mphunzitsi wa pamudzi, Plínio, akufuna kuonetsa ana mudzi wao pa mapu a pa intaneti, koma mudziwo palibe. Wafafanizidwa. Kenako netiweki ya foni ikuduka, thanki ya motoka yobweletsa madzi ikufika itaboola ndi zipolopolo, ndipo tikudziwa kuti azungu ena alipila ndalama kuti adzasake anthu a m'mudzimo monga nyama. Wandale wa m'delalo amabwela ndi thilaki n'kukhuthula mabuku akale pansi monga mcenga. Alendo akafika, anthu amawaitanila ku kanyumba kao kosungilamo zinthu zakale, koma alendowo amakana kuloŵa. Akanaloŵa, akanaona mfuti zakale pakhoma ndi kudziwa kuti mudzi umenewu unamenyapo kale nkhondo. Kunyoza mbili ya anthu ndiko kunaphetsa osakawo.

Koma Bacurau ndiyo filimu imene wosanthula amaonekela kwambili kuposa wosimba nkhani. Sukulu ya m'mudzimo inachedwa dzina lokumbutsa John Carpenter, wopanga mafilimu oopsa wa ku America, ndipo kajambulidwe kake kamatengela mafilimu a makaubhoyi ndi a m'zaka za m'ma 1970. Wodziwa zimenezi amasangalala. Vuto langa lili pa osaka aja. Anthu a m'mudzi ali ndi nkhope, mikangano ndi nthabwala zao, koma azunguwo ndi zidole zolankhula zoipa cabe. Wina angati n'kubwezela dala, popeza kwa zaka zambili mafilimu a ku America akhala akuonetsa anthu a maiko osauka monga zidole. Ndikumvetsa, ndipo ndinakondwela pamene mudzi unapambana. Koma Francisco wa mu O Som ao Redor, nkhalamba yaulemu yoseka ndi adzukulu, amandiopsa kuposa onse onyamula mfuti a mu Bacurau, cifukwa woipa weni-weni nthawi zambili amakhala wotelo.

Amene afuna kumvetsa kumene zonsezi zinacokela atambe Retratos Fantasmas ya mu 2023, kutanthauza zithunzi za mizukwa. Mmenemo Mendonça akutsegula makaseti amene anasunga kwa zaka zoposa 30. Tikuona nyumba ya amayi ake, Joselice Jucá, amene anali katswili wa mbili yakale, ndipo tikuzindikila kuti ndi nyumba imodzimodzi ya Bia. Galu wosokosa uja analiko zoona, ciswe naconso cinaliko kwa aneba. Kenako akutitengela ku maholo akale a mafilimu a pakati pa mzinda, monga Art Palácio, Trianon ndi Veneza, amene anatsekedwa, ena n'kusanduka machalichi ndi mashopu. Yotsala ndi São Luiz, imene inatsegulidwa mu 1952. Ali mnyamata anajambula a Alexandre, amene anali kuyendetsa makina oonetsela filimu ku Art Palácio, akugwila nchito m'kacipinda kotentha masiku othela a holoyo. Kukanakhala kuti sanawajambule, bwenzi dzina lao litapita pamodzi ndi makinawo.

A Alexandre amabwelanso monga munthu wa m'sewelo mu O Agente Secreto ya mu 2025, imene nkhani yake ikucitika ku Recife mu 1977, pa nthawi ya ulamulilo wa asilikali umene unayamba mu 1964 n'kutha mu 1985. Mwamuna wothawa adani akugwila nchito mu ofesi ya zitupa, akufufuza pepala lililonse lokhala ndi dzina la amayi ake. M'nthawi yathu ino, atsikana ofufuza akumvetsela matepi akale kuti alumikize nkhani yake. Filimuyi inapatsa Mendonça mphoto ya wotsogolela filimu wopambana ku Cannes, ndipo Wagner Moura analandila ya woseŵela wopambana. Munthu amene kale anali kupita ku Cannes ndi kabuku kolembamo anakwela pa nsanja kukalandila mphoto.

Ndikaika mafilimu onsewa pamodzi, ndiona nchito imodzi. Mpanda umene unaphetsa munthu, nyumba yofuna kugwetsedwa, mudzi wofafanizidwa pa mapu, holo yotsekedwa, dzina losowa m'mafaelo: paliponse pali wina wofuna kuti cinthu ciiwalike, ndi wina wokana. Wosanthula weni-weni ndi wokana ameneyo. Amakhala pansi, amapenyetsetsa, amalemba cimene waona kuti cisapite cabe. Mendonça sanasiye kusanthula pamene anacoka ku nyuzipepa. Anangoleka kusanthula mafilimu n'kuyamba kusanthula mzinda wake. Pamene amakhulupilila maso ndi makutu ake, monga mu O Som ao Redor, ndi wamphamvu kwambili. Pamene amadalila zimene anaona m'mafilimu a ena, mphamvu imacepako. Akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo zaka zake zolemba zinali kudekha kumeneko.

Nditamaliza kutambanso mafilimuwa, ndinapempha mnyamata uja kuti anditumizile kafilimu kake. Ndinakatamba katatu, nditakhala pansi, kamodzi nditatsinzina kuti ndimve phokoso lokha. Ndinamulembela tsamba limodzi. Ndinamuuza kuti nyimbo imene anathila kucokela poyamba mpaka pothela inaphimba mau a ambuye ake, ndipo inali kundikakamiza kumva cisoni pamene iwo eni anali kuseka. Ndinamuuza kuti mafunso ake anali ofuna mayankho amene iye anali atakonza kale. Ndinamuuzanso kuti pali masekondi ocepa pamene anaiŵala kuzima kamela, ambuye ake akuŵelenga makobili ndi zala zakuda ndi malasha, kumbuyo kukumveka kondakita akuitanila basi, ndipo pamenepo m'pamene panali filimu yeni-yeni.

Anaŵelenga ali cete, nkhope itagwa. Kwa mlungu wathunthu sanandipatse moni bwino, ndipo ndinayamba kuopa kuti ndamufooketsa. Lolemba lotsatila ananditsatilanso pakhomo lomwe lija. Anali atacotsa nyimbo yonse, koma mafunso anawasiya mmene analili. Anati, "Ba ticha, pa nyimbo munakamba zoona. Pa mafunso sindinavomele." Ndinamukokela mpando kuti andifotokozele cifukwa cake.